Tsiku Limene Sanandiitanenso

Asiyatu ndi Rajabu, ana anga, pamodzi ndi adzukulu amene mudzakwanitse kuwerenga dzanja langa lonjenjemerali: mwakula mukumva kuti bambo wanu anataya penshoni chifukwa cha nkhalamba ya Chigiriki imene sinali ngakhale m'bale wawo. Ena amati ndinachotsedwa ntchito. Amalume anu a ku Nkope mpaka lero amati ndinadyetsedwa mankhwala. Zonsezo n'zabodza, ngakhale kuti zoona zake n'zochititsa manyazi pang'ono kuposa bodzalo. Ndalemba ndekha kuti mukamandiseka muzindiseka pa chinthu cholondola.

Kwa Mponda, chakumapeto kwa zaka za m'ma 1970

Za ubwana sindilemba, ndinali mwana wamamina ngati ana ena onse. Ntchito yanga yoyamba ndinaipeza chifukwa chokana kugulitsa nsomba. Ndinali nditayala chambo m'mbali mwa msewu pamene galimoto inaima, n'kutsikamo Mgiriki wamfupi wa mimba, Bwana Manoli, mwini maboti ndi shedi ya nsomba imene inali pafupi ndi pamene Shire amatulukira m'nyanja. Maboti awo anali atabwera opanda kanthu tsiku limenelo, ndipo ine ndinkadziwa. Atatchula mtengo wawo ndinaseka, ndinavundikira nsomba zanga ndi masamba, n'kuyamba kuyang'ana mitambo. Anapita, anabwerera, anapitanso, anabwereranso thukuta lili kamukamu.

“Iwe,” anatero potsiriza, “ukamagulitsa umaluma chonchi. Nanga ukamagula?”

“Ndikamagula ndimalira, bwana, mpaka wogulitsayo amandipepesa.”

M'mawa mwake ndinayamba ntchito ya wogula zinthu pakampani pawo: mchere, zingwe, nkhuni, ufa wa anthu a m'maboti, ndi nsomba za asodzi a mabwato maboti athu akalephera. Kunenerera mtengo ndi luso, ana anga, ndipo chida chake chachikulu ndi kunyanyala. Umatchula mtengo wako. Akakana, umabweza katunduyo pansi mwaulemu, kutsazika ngati munthu wopanda chifukwa, n'kuyamba kuyenda. Usanafike patali umamva, “Achimwene, tabwerani tikambirane.” Ine ndinali ndi kachinsinsi kanga: pa sitepe ya seveni ndinkachepetsa liwiro n'kuwerama ngati ndikukonza patapata, kuti wogulitsa apeze mpata wogonja. Sikanandilepherepo.

Bwana Manoli anali ndi mlongo wawo, dzina lawo Katerina. Amayi oyanika usipa pathandala anawafunsa dzina la bambo awo, ndipo atamva kuti anali Nikola, anawatcha Abiti Nikola monga timachitira kuno. Dzina linalo linafera pomwepo. Pakampani analibe ntchito. Ankangoyendayenda ndi chipewa chachikulu, ndudu ili pakamwa, akulankhula Chichewa chosakaniza ndi Chiyao chimene anatola kwa amayi aja, matukwano ake omwe. Tsiku lina anakwera lole yopita kumsika wa paboma osapempha munthu. Ine ndinkakagula matumba a mchere, ndipo poona kuti ndili ndi woonerera ndinachita zanga zonse: kulawa mcherewo n'kukwinya nkhope ngati ndalawa mchenga, kulumbira kuti bwana wanga andidula khosi, kenaka kunyanyala. Pa seveni ndinawerama. Wogulitsa anandiitana. Ndinakwera lole ndikudikira kutamandidwa.

“Twaibu,” anatero, “pakamwa pako ndapakonda. Nkhope nayo ilibe vuto. Koma msana wako ndi wopemphetsa.”

“Msana, mayi?”

“Eya. Miyendo ikupita, koma msana ukulira kuti ndiitaneni, chonde ndiitaneni. Khosi lapendekeka, khutu latsalira m'mbuyo. Ndipo patapata uja sanaduke. Munthu uja wakuitana chifukwa ali ndi njala, osati chifukwa wakukhulupirira.”

“Koma mchere tagula motchipa, mayi.”

“Lero. Udzakumana ndi wokhuta, udzandiuza.”

Zinandinyansa. Munthu amene sanagulepo ngakhale mulu wa tomato azindiphunzitsa ine ntchito? Ndinafunsa, mwaulemu wa kunja kokha, kuti iwo za misana anazidziwira kuti.

“Ndadya za msana wanga zaka makumi awiri,” anayankha akuphulitsa utsi pawindo. “Kwathu ndinali wazisudzo. Anthu ankalipira kuti andione ndikuchoka.”

Nkope, zaka za m'ma 1980

Bwana Manoli ananditumiza ku Nkope kukayang'anira depoti yaying'ono. Kumeneko ndi kumene ndinakwatira mayi anu, Abiti Sumani, ndiponso ndi kumene ndinadziwira kusowa kwa zinthu. Dizilo akapezeka, ayisi kulibe. Ayisi akapezeka, lole yafera panjira ndipo ayisiyo akuthirira msewu. Kangapo konse tinang'amba chambo chabwinobwino n'kuchiwamba pamoto tsiku lonse kuti chisaole, ine maso ali psuu ndi utsi, kwinaku ndikunenerera dizilo kwa madalaivala a malole odutsa ngati ndikufunsira mbeta. Abiti Nikola ankabwera ndi lole ikakhala yamoyo. Ankati kwa Mponda kuli mlongo wawo ndi nkhani zake za maukonde, pamene ku Nkope kuli anthu.

Ulendo wina anabwera ndi bokosi lachitsulo lodzaza zithunzi. Tinakhala pamthunzi wa shedi, iwo akutulutsa chimodzichimodzi. Ndinawaona ali mtsikana wa tsitsi lakuda bii, atavala nsalu yoyera yofika kumapazi, ataima pabwalo la miyala lopanda denga, mipando ikukwera phiri mizeremizere, anthu atadzaza ngati pa Idi. Anati pamenepo panalibe chokuzira mawu. Mawu ako okha amayenera kukafika kwa munthu wa mzere womaliza, ngakhale ukunong'ona. Ndinakhulupirira, chifukwa ndinawamvapo akuitana bwato limene linali kale pakati pa madzi, ndipo msodziyo anabwerera akuganiza kuti kwagwa maliro, pamene iwo ankangofuna kampango.

Bambo awo anali telala, ndipo sanawalankhule zaka ziwiri atamva kuti mwana wawo walowa zisudzo. Anayambira kumbuyo, m'gulu la akazi amene ntchito yawo inali kulira ndi kuyankhira. Kenaka anasunthira kutsogolo pang'onopang'ono mpaka dzina lawo linayamba kulembedwa pamwamba pa mapepala omata m'makoma. Anthu a kanema nawo anawatenga, ndipo anasewera akazi amasiye ambiri moti ankati anaika amuna ochuluka kuposa mkazi wina aliyense m'dziko lawo. Ndinafunsa chimene ankakonda pakati pa ziwirizo. Anandiyankha m'chinenero changa: “Kanema ndi usipa wouma, umasungika ndipo umafika kutali. Zisudzo ndi chambo cha lero. Ukachedwa, wachedwa.”

“Nanga munasiyiranji, mayi, zinthu zikukoma chonchi?”

Anatseka bokosi lija kaye. Anati asilikali atalanda boma kwawoko, anzawo ena a zisudzo anatsekeredwa, ena anangosowa. Patapita miyezi kunabwera lamulo loti gulu lawo lisewere pamaso pa akuluakulu a asilikaliwo. Tsikulo anavala zovala za seweroli, anadzola zodzoladzola, ndipo nthawi yawo itakwana analowa pansanja. Anafika pakati, anayang'ana mzere wa kutsogolo umene unali mbuu ndi nyota za pamapewa, osatulutsa liwu ngakhale limodzi. Kenaka anatembenuka n'kuyenda. Anadutsa nsanja yonse, anatsika kumbuyo, anatulukira khomo la antchito, n'kulowa mumsewu ndi nsalu yoyera ija.

Ine ndinayamba ndayang'ana uku ndi uku, chifukwa zaka zimenezo kunonso nkhani ya munthu wofulatira akuluakulu sinkakambidwa mokweza. Ndiye ndinafunsa funso la ntchito yanga.

“Anakuitanani?”

“Palibe.”

“Inu simunacheuke?”

“Ndikanacheuka akanaganiza kuti ndikunenerera.”

Kuyambira tsiku limenelo palibe gulu limene linayerekeza kuwalemba ntchito, ndipo patapita chaka mlongo wawo anawatumizira tikiti. Ndinasinkhasinkha nkhaniyo monga munthu wa pamsika, ndipo ndinapereka chigamulo changa: “Mayi, pamenepo munagulitsa moluza.” Anaseka mpaka kutsokomola. “Iwe umachoka kuti ugule,” anatero. “Ine panalibe chimene ndinkafuna kwa anthu aja.” Sindinamvetse, koma ndinagwedeza mutu, chifukwa anali mlongo wa bwana.

Kanema wawo tinamuonapo kamodzi. Mnzawo wina anawatumizira kaseti, ndipo ine ndinanenerera kwa mwini vidiyo wa pa Nkope kuti atipatse masana amodzi. Anatchinga mawindo ndi masaka, anthu anadzaza. Anyamata amene ankayembekezera karate anatuluka akung'ung'udza ataona kuti chithunzi chilibe mtundu ndipo palibe womenya mnzake. Amayi a pathandala anatsala. Chigiriki sankamva ngakhale liwu limodzi, koma nkhani anaitsata: mwamuna wapita kunyanja, sanabwerere, anzake abweretsa jekete lake. Pakanemapo Abiti Nikola analandira jeketelo, osalira. Anangoliyala patebulo n'kuyamba kulipinda bwinobwino, mkono uwu, mkono uwo. Mayi anu misozi inali chuchuchu. Mwadzidzidzi mayi wina kumbuyo anakuwa, “Lirani, mayi inu, mudwala nazo!” Potuluka Abiti Nikola anandigwira mkono n'kunena kuti m'manja monse mmene anawaombera kwawo simunafike pa mawu a mayi amene uja.

Nkhudzi, zaka za m'ma 1990

Chambo chinayamba kuchepa, Bwana Manoli nawo thupi linayamba kukana. Anagulitsa maboti, ndipo malo awo a ku Nkhudzi anagulitsa kwa kampani ina imene inamangapo hotelo. Asanamwalire anachita zinthu ziwiri. Anapempha eni hoteloyo kuti andilembe ntchito ya wogula zinthu, ndipo m'pangano logulitsira malowo analembetsa kuti kanyumba ka kumapeto kwa mpanda, pansi pa mtengo wa mkuyu, kakhala ka mlongo wawo moyo wawo wonse, pokhapokha iwo eni atasaina kuti akuchoka mwa kufuna kwawo. Mawu amenewa muwasunge, chifukwa nkhani yonse yagona pamenepo.

Mamanijala anabwera n'kupita. Wina ankawerenga anyezi m'stolo m'mawa uliwonse ngati angaswane. Wina ankalawa mowa wa alendo mpaka anaiwala kuti alendowo ndi ati. Onsewo Abiti Nikola ankawapatsa moni pamwamba pa mpanda, iwo n'kuyankha, basi. Asilikali aja anali atagwa kalekale kwawoko, ndipo makalata ankabwera owaitana. Anapitako kamodzi, koma miyezi iwiri isanathe tinangoona atsika basi ndi chipewa chawo. “Anandikhazika pampando wa kutsogolo ngati mtembo,” anandiuza. “Ana amene akusewera pano sakundidziwa. Akuluakulu amene akundidziwa ndi omwe aja anatsala pansanja ine nditachoka. Kuno bola, amandidziwa kuti ndine nkhalamba yotukwana.”

Kenaka maso awo anachita ng'ala. Ankaona kuwala ndi mdima, ndi zithunzithunzi za anthu, koma zilembo ayi. Ine ndinakhala maso awo. Ndikaweruka ndinkapita pakhonde pawo kukawawerengera makalata a Chingerezi, a kuchipatala, a ku ofesi yoona za alendo, ndipo pakafunika kusaina ndinkagwira dzanja lawo n'kuliika pamzere. Mayi anu ankawaphikira phala la mpunga akadwala.

Chaka cha pepala

Zaka za m'ma 2000 zitangoyamba kunabwera manijala watsopano, Bwana Kachingwe, mnyamata wophunzira wochokera ku Blantyre. Sindinawamvepo akukalipa. Ankayenda ndi kabuku, ankadziwa dzina la wantchito aliyense, ndipo hotelo inayamba kuyenda bwino m'manja mwawo, zimenezo sindingawamane. Koma anaona chimene anzawo onse sanaone: mchenga wabwino kuposa wonse unali kutsogolo kwa kanyumba ka Abiti Nikola. Ankafuna kugwetsa kanyumbako kuti amange malo ochitira maukwati. Anapita okha kukanyumbako kukawalonjeza nyumba ya ku Blantyre. Anabwerako ataphunzira mawu atatu a Chiyao amene sindingalembe m'buku la ana anga.

Khirisimasi ikuyandikira, zipinda zonse zitalipiridwa kale, chambo chikusowa nyanja yonse, anandiitanitsa ku ofesi.

“Che Twaibu, khalani pansi. Tiyi mumamwa wa mkaka?”

Zaka zonse zimene ndinagwira pahotelopo palibe amene anandipatsapo tiyi mu ofesi. Ndinadziwa kuti katundu amene akubwerayo ndi wolemera.

“Agogo aja amakumverani,” anatero.

“Samvera munthu, bwana. Amangondilola kuwawerengera makalata.”

“N'zomwezo.” Anakankhira pepala kwa ine. “Mukawauze kuti ndi lovomereza kuti tikonze denga. Asaine apa.”

Ndinaliwerenga. Za denga munalibe. Linkanena kuti iwo, Katerina, akuchoka m'nyumbamo mwa kufuna kwawo, popanda wowakakamiza.

“Mukuona ngati nkhanza,” anapitiriza mofatsa, “koma taganizani. Munthu wosaona, yekhayekha, chipatala chili kutali. Akadzagwa kubafa adzawadzutsa ndani? Ku Blantyre tikawasunga bwino. Ndi nkhalamba, sakudziwa chowathandiza. Inunso mwatsala ndi zaka ziwiri kuti mupume. Ndingakonde kuti zikhale zaka zabwino.”

Ana anga, pepalalo ndinalitenga. Ndikufuna muwerenge mawu amenewa kawiri, chifukwa amene amandiyamikira amawadumpha. Ndinalipinda, ndinaliika m'thumba la malaya, ndinamaliza tiyi, ndinathokoza. Lamulo la kampani linali loti penshoni amalandira munthu amene wafika zaka zopumira ali pantchito. Wochoka yekha ankangotenga za mwezi umenewo. Iwe Rajabu unali fomu 3. Ndinadziuza kuti mwina bwanayo akunena zoona za kubafa.

Masana ndinapita kunyumba kukadya, mayi anu n'kundiyang'anitsitsa.

“Bambo a Asiyatu, m'thumbamo muli chiyani chimene mukungochigwiragwira?”

Ndinawafotokozera mayi anu zonse, ndikukometsera mbali ya chipatala. Anamvetsera akutsuka mbale.

“Ine sindikuuzani chochita,” anatero. “Koma mukakawanamiza, musadzanditumenso ndi phala. Sindingathe kuwayang'ana kumaso.”

“Iwo saona.”

“Ine ndimaona.”

Ndinapitabe. Ndinawapeza pakhonde, atakhala pampando wawo wa nsungwi, nkhope atalozetsa kumene kunkachokera mphepo.

“Twaibu. Wabwera ndi pepala, ndalimva likulira m'thumba.”

“Eya, mayi. A manijala akuti denga lija…”

Sindinamalize. Anatambasula dzanja kudikira cholembera. Osafunsa kuti denga latani, osati tawerenga kaye, ayi. Dzanja lokha, lotseguka, likudikira kuti ndiligwire ndiliike pamzere monga mwa masiku onse. Moyo wanga wonse ndapusitsa anthu, ndipo sindichita nazo manyazi, chifukwa pamsika nayenso wogulitsa amakhala akundipusitsa. Tonse timadziwa masewerawo, ndipo tikamaliza timagwirana chanza. Koma munthu wotambasula dzanja osafunsa mtengo sindinadziwe pomugwira. Luso langa lonse linangoti zii. Ndinabweza cholembera m'thumba, ndinakhala pansi, n'kuwawerengera pepalalo monga linalembedwera, mzere ndi mzere.

“Denga likudonthadi,” anatero kenaka. “Mwana ameneyu ali ndi nzeru. Ukamuuze kuti ndinachokapo kale kamodzi pamalo panga, ndipo kamodziko kanakwana. Muno ndidzatuluka atandinyamula. Nanga iwe utani?”

“Ndikanenerera, mayi. Ndi ntchito yanga.”

Apa ndiye pamene pali manyazi anga. Sindinapite ku ofesi ngati ngwazi. Ndinapita ngati wogula mchere. Ndinali nditaziyeza bwino: Khirisimasi ili pakhomo, alendo akufuna chambo, ndipo munthu yekhayo amene asodzi a ku Nkhudzi mpaka ku Nkope ankamusungira nsomba pansi pa bwato anali ine. Bwana sangandilole kuchoka. Ndikanyanyala adzandiitana, pepala lidzang'ambidwa, agogo adzakhala, penshoni idzakhala, ndipo mwina n'kuwonjezerapo kena kake ka basela.

M'mawa mwake ndinalowa mu ofesi, ndinasiya dala chitseko chotsegula kuti akalaliki amve. Ndinaika pepala patebulo, pamwamba pake makiyi a stolo.

“Sanasaine?”

“Sanasaine, bwana. Ndawawerengera zimene munalembazo.”

Anandiyang'ana, osakwiya. Anali akutakasa tiyi, ndipo ulendo uno kapu inali imodzi.

“Mtengo wanga ndi uwu, bwana,” ndinatero. “Pepalali ling'ambidwe, agogo asiyidwe, ine ndikupezerani chambo cha Khirisimasi mpaka alendo atope nacho. Apo ayi, makiyi anu ndi awo.”

“Che Twaibu, mukundiopseza?”

“Ayi, bwana. Ndikutsazika.”

Ndinatembenuka bwino kwambiri, ngakhale ndikudzitama ndekha. Imodzi, ziwiri, zitatu, ndadutsa chitseko. Akalaliki mitu ili pansi, makutu ali m'mwamba. Folo, faifi, sikisi, ndili pakhonde. Pa seveni miyendo inachepetsa yokha liwiro monga inazolowera zaka zonsezo, ndipo bondo linayamba kupinda kufuna patapata, ngakhale kuti tsikulo ndinali nditavala nsapato za zingwe. Ndinatchera khutu. Kumbuyo kunamveka chinthu chimodzi chokha: supuni ikuzungulira m'kapu, ngwe, ngwe, ngwe.

Wokhuta uja anali atafika. Anachedwa zaka zoposa makumi awiri, koma anafika.

Njira yobwerera inalipo, musaganize kuti panalibe. Ndikanatha kuwerama, kumanga chingwe cha nsapato, kutembenuka ndikuseka n'kunena kuti bwana, nkhalambafe timalankhula zambiri. Akanandilandira, anali munthu wosasunga mkwiyo. Akanandibwezera makiyi, ndipo pansi pa makiyiwo pakanakhala pepala lija, kuti ndikayesenso tsiku lina agogo akadzadwala, dzanja lawo lili m'dzanja langa. Ndinaona zonsezo nditaima mwendo umodzi uli m'mwamba ngati kakowa. M'pamene ndinamvetsa zimene anandiuza ku Nkope pamthunzi wa shedi. Mu ofesi muja munalibenso chimene ndikanagula pa mtengo umenewo.

Ndinawongola bondo. Ndinawongola khosi. Ndinabweza khutu langa kumene linali litatsalira, n'kuponda sitepe ya eyiti, imene ndinali ndisanaipondepo chibadwire. Kuchokera pakhonde la ofesi kukafika pageti ndi patali, miyala yake yolira pansi pa nsapato, ndipo ndinayenda ponsepo osamva dzina langa. Mlonda anatsegula geti n'kundifunsa kuti, “Kudoko lero mukupita opanda dengu?” Ndinati eya, lero ndilibe chogula.

Lero

Chambo cha Khirisimasi anachipeza, musanamizidwe. Anatumiza galimoto kutali, anagula modula, alendo anadya, dziko silinagwe. Ine ndinabwerera m'mbali mwa msewu monga mmene Bwana Manoli anandipezera, kuyala nsomba ndi imvi kumutu. Mayi anu anayamba kuphika mandasi. Iwe Rajabu unakhala chaka chimodzi pakhomo usanalembe mayeso, ndipo ndikudziwa kuti chaka chimenecho sunandikhululukire msanga. Sindikukupempha kuti unene kuti chinali chabwino. Sichinali.

Koma pepala lija silinasainidwe. Anatuma anthu ena awiri. Woyamba, Abiti Nikola anamusewerera gonthi mpaka mnyamatayo mawu anamuthera. Wachiwiri anamulandira ngati mlongo wawo Manoli wauka kumanda, kumukumbatira, kumulirira, kumufunsa za maboti, moti anathawa kusiya chipewa. Kuyambira pamenepo sankagwira cholembera pokhapokha ine ndili pomwepo. Denga tinalimata ndi phula ine ndi asodzi awiri. Anakhala m'nyumba mwawo zaka zina zisanu ndi chimodzi, Bwana Kachingwe mpaka anasamutsidwa iwo akadali pakhonde pawo. Anamwalira pabedi pawo, mayi anu ali pambali, ndipo anatuluka atanyamulidwa monga ananenera. Amayi a pathandala anawalira mokweza, kulipira misozi imene Abiti Nikola anaimana jekete la m'kanema lija. Bokosi la zithunzi lili pansi pa bedi langa. Musadzaligulitse, ndipo wina akadzakukakamizani, mtengo woyamba mudzakane.

Ndatsala ndi chinthu chimodzi. Tsiku lija nditatuluka pageti sindinapite kunyumba, ndinkaopa mayi anu. Ndinazungulira mpanda, ndinadzera kumchenga, n'kukakhala pansi pakhonde la Abiti Nikola.

“Wanenerera?” anafunsa.

“Ndanenerera, mayi.”

“Anakuitana?”

“Ayi.”

“Unacheuka?”

“Ayi, mayi.”

“Pa seveni?”

Ndinakanda kumutu. “Ndinachepetsako pang'ono.”

“Patapata?”

“Sindinawerame.”

Anazimitsa ndudu yawo pansi pa mpando. Kenaka anakweza manja awo okwinyika aja n'kuwomba, pang'onopang'ono, katatu. Pa zaka zonse zimene anandionera ndikugwira ntchito anali asanandiomberepo m'manja.

“Msana sindinauone, maso ndilibe,” anatero. “Koma wabwera ndi makutu ako onse awiri, ndamva mmene wakhalira pansi. Tsopano pita ukamuuze mkazi wako. Kumeneko usakanenerere.”

Ndiye amalume anu akadzayambanso za mankhwala, mudzawauze zoona zake. Bambo wanu ananyanyala kuti aitanidwe, anagulitsa moluza, ndipo sanaitanidwe. Mudzawauzenso kuti mpaka lero sanacheuke.